ZIGOLI 107 ZA GODFREY CHITALU

Nkhani iyi inakambidwa pa wailesi m'nthawi ya zamasewera, poyankha kalata yocokera ku Lundazi.

 Madzulo ano ndiri ndi kalata pano patebulo, yocokera kwa mkulu wina wa ku Lundazi, m'dziko la Mfumu Mwase. Dzina lao anapempha kuti ndisalitchule, ndipo ndidzacita monga ananena. Iwo alemba kuti anatsutsana ndi mdzukulu wao pa nkhani ya mpira. Mnyamatayo amapita ku Boma kukaonera masewera a ku Ulaya pa kanema, ndipo tsiku lina anabwera kunyumba nanena kuti palibe munthu pa dziko lapansi amene anacinya zigoli zambiri m'caka cimodzi koposa Lionel Messi, amene anacinya 91 m'caka ca 2012. Agogowo anati, Iai, Godfrey Chitalu wa Kabwe Warriors anacinya 107 m'caka ca 1972. Mdzukuluyo anaseka, nati, Agogo, tsobola wakale sawawa. Kodi zimenezo zinalembedwa m'buku liti? Pamenepo mkuluyo anasowa coyankha, pakuti zigolizo iwo anangozimva ndi makutu. Ndico cifukwa cace alembera kuno.

Ndakondwa nayo kalata imeneyi, cifukwa inenso ndinakulira ku Lundazi komweko, ndipo mlandu wao ndi wanganso: Chitalu sindinamuonepo ndi maso anga ngakhale tsiku limodzi. Inu obadwira ku Kitwe ndi ku Kabwe, amene munali kungoyenda pansi kupita ku bwalo, simungathe kudziwa m'mene kwathu kunaliri kutali. Kucokera ku Lundazi kufika ku Chipata pali makilomita ngati 180, ndipo ukafika ku Chipata ulendo wa ku Lusaka uli usanayambe. Nyuzipepala inali kutipeza itagona masiku panjira, ndipo ikafika inali kuyamba yazungulira kwa aphunzitsi ndi makalaliki, kenaka nkukathera kwa okulunga fodya. Cimene tinali naco cinali wailesi imodzi ya mwini sitolo. Mabatire ace tinali kuwayanika padenga kuyambira m'mawa kuti dzuwa liwapatse mphamvu, ndipo madzulo tinali kukhala pansi mouzungulira, ana kutsogolo, akulu pambuyo pa mipando yao.

Wotiuza zonse anali Bambo Dennis Liwewe. Iwowa anabadwira ku Nyasaland m'caka ca 1936, nabwera ku migodi kudzagwira nchito yolemba nkhani, ndipo pambuyo pace anakhala mau a mpira wa dziko lino kufikira ukalamba wao. Anamwalira m'caka ca 2014. Anali kuulutsa m'Cingerezi, cinenero cimene ambiri a ife tinali kucimva mwa apo ndi apo, koma panalibe kanthu. Mau ao akayamba kukwera ndi kuthamanga, ngakhale amai osadziwa liu limodzi la Cingerezi anali kuimika munsi, podziwa kuti mpira wafika pa khomo la adani. Ndiwo amene anapatsa Chitalu dzina lakuti Ucar. Masiku amenewo kunali mabatire a wailesi a dzina limenelo, a kampani ya Union Carbide, otamandidwa kuti sakutha msanga. Tsono a Liwewe, poona mnyamata wothamanga mphindi 90 osafooka, anati uyu ndi Ucar. Kwa ife a kumudzi dzinali linamveka bwino koposa, pakuti tinali kucidziwa cisoni ca batire lakutha pakati pa masewera.

Tsono tiyeni tiyambe pa ciyambi, kuti mdzukulu uja adziwe munthu amene alikumuseka.

Godfrey Chitalu anabadwa pa 22 Okutobala, 1947, ku Luanshya, m'komboni ya Mikomfwa. Inu amene munagwirapo nchito pa mgodi wa Roan Antelope malowo muwadziwa. Mpira anauyambira ku sukulu ndi m'mabwalo a acinyamata amene a welofeya anali kuyang'anira, ndipo akali mnyamata anasamukira ku Kitwe, kumene anaphunziranso nkhonya. Zaka zimenezo mpira wa dziko lino unali kusintha. Kale azungu anali ndi matimu ao, anthu akuda ndi ao. Koma m'caka ca 1962 inayamba ligi ya dziko lonse yophatikiza mitundu, ndipo oyamba kuitenga anali a Roan United, a kwao kwa Chitalu. Cotero mnyamatayu anakula pa nthawi imene khomo linali litangotseguka. Timu ya Kitwe United inamtenga, nayamba m'gulu la ang'ono, ndipo asanakwane zaka 20 anali kusewera kutsogolo m'timu yaikulu.

Sindidzakubisirani kuti Chitalu wa masiku oyambawo anali wobvuta. Anali wa mtima wapacala. Wina akamponda, iye sanali kudikira kuti refali aweruze, anali kubwezera pomwepo. Ndipo nkhonya zija anaphunzira sizinali kutali. Anaturutsidwa m'bwalo kangapo, naletsedwanso kusewera kwa nthawi. Anthu amasimba kuti tsiku lina refali anaturutsa kabuku kace namfunsa dzina, ndipo iye anayankha kuti, Denis Law, ndilo dzina la wosewera wotchuka wa Manchester United amene iye anali kumkonda. Refaliyo sanaseke, anamlozera kunja. Ife tikamva nkhani zotere tinali kugwa nazo ndi phwete, koma akulu a mpira anali kupukusa mitu, nanena kuti ng'oma yolira kwambiri sicedwa kung'ambika.

Akulu a Kitwe United anacita cinthu cimene ambiri anaciyesa misala: m'caka ca 1968 anamuika kukhala kapitawo wa timu. Nzeru imeneyi a kumudzi aidziwa. Mwana wobvuta umpatse mbuzi aziweta. Ukali sunathe tsiku limodzi ai, koma unayamba kulowa m'mwendo. Caka cimeneco anacinya zigoli 81, anabvala malaya a Zambia nthawi yoyamba pa masewera ndi Uganda m'mwezi wa Juni, ndipo pamene mphotho ya wosewera wopambana onse m'dziko inaperekedwa koyamba, inapita kwa iye. Mugwire bwino nambala imeneyo ya 81, cifukwa isonyeza kuti za 1972 sizinagwe kumwamba ngati matalala. Mphotho ija anaitenganso mu 1970.

M'caka ca 1971 anacoka ku Kitwe kupita ku Kabwe Warriors. Panali kukokana, pakuti a Kitwe sanafune kumtaya, ndipo masewera oyamba a caka anamdutsa ali panja. Potsiriza ndalama zimene zinalipidwa zinaposa zonse zimene timu ya m'Zambia inalipirapo wosewera kufikira pamenepo. Kabwe, umene makolo athu anali kuutcha Broken Hill, unali mzinda wa mgodi wa mtobvu ndiponso likulu la njanji, ndipo Warriors inali timu ya a njanji. Tisaiwale kuti osewera a masiku amenewo anali anthu a nchito monga inu. M'mawa anali pa nchito, madzulo ku bwalo kukakonzekera, Loweruka kapena Sabata masewera, Lolemba m'mawa kubwereranso ku nchito ndi miyendo yotupa. Timuyo inali yamphamvu kale iye asanafike: inatenga ligi mu 1968 ndi mu 1970. Munali Boniface Simutowe, munali Sandy Kaposa, munali Richard Stephenson. Mutu umodzi susenza denga, ndipo wocinya aliyense ali ndi anzace omuikira mpira pa phazi. Atafika Chitalu anatenganso ligi mu 1971.

Tafika tsono pa caka cimene kalata ija ifunsa.

Ligi isanayambe, Warriors inali ndi masewera a cikho ca matimu opambana a mu Africa, ndi timu ya Majantja ya ku Lesotho. Pa 23 Januwale, 1972, ku Maseru, anafanana mphamvu, 2 kwa 2, ndipo zigoli ziwiri za Warriors zinali za Chitalu. Pa 6 Febuluwale anakumananso ku Ndola, pa bwalo la Dag Hammarskjöld. Warriors inapambana 9 kwa 0, ndipo mwa zigoli zisanu ndi zinai zimenezo, zisanu ndi ziwiri anacinya munthu mmodzi. Taganizani goloboyi wa ku Lesotho uja, kutola mpira mu ukonde kasanu ndi kawiri, nthawi zonse nkhope yomweyo iri kubwerera pakati pa bwalo. Ulendo wa cikho cimeneco unakathera m'manja mwa Hearts of Oak ya ku Ghana, koma kuno kwathu panalibe wowaimitsa. Anatenga ligi kacitatu motsatana. Anatenga Charity Shield, Castle Cup, Chibuku Cup ndi Challenge Cup. Cikho ciri conse cimene cinaikidwa patebulo m'caka cimeneco cinakwera sitima kupita ku Kabwe. M'timu ya dziko namonso anali kucinya, monga pamene Zambia inagonjetsa Lesotho 6 kwa 1 pa masewera olimbirana malo a World Cup.

Amene anamuona amasimba kuti anali wa thupi lolimba, waliwiro, wosaopa kugundana ndi munthu, ndipo mpira ukacoka pa phazi lace unali kupita ngati mwala wa pa legeni. Ine zimenezo ndingobwereza za eni maso. Cimene ndinganene ndi ca makutu: caka cimeneco tinatopa nalo dzina lace. Sabata ndi sabata linali lomwelo. Pa bwalo la sukulu yathu, pamene tinali kumenya mpira wa nsanza womanga ndi luzi, panali kubuka ndeu masewera asanayambe, cifukwa aliyense anafuna kukhala Ucar, ndipo palibe anafuna kuima pa golo.

Pakutha pa caka, akulu a mpira anawerenga napeza zigoli 107. Caka ciri ndi masabata 52. Munthu akacinya ziwiri sabata iri yonse, osadwala, osabvulala, osapuma ngakhale pa Khirisimasi, afika pa 104. Chitalu anaonjezapo zitatu. Pa mwambo wopereka mphotho anampatsa mpira wolembedwa dzina lace ndi nambala 107, ndipo cithunzi cace atanyamula mpirawo ciripo kufikira lero. Anasankhidwanso kukhala wosewera wopambana onse, kacitatu. Ndipo pali cina cimene mkulu wa ku Lundazi mwina sacidziwa, cimene cidzamkondweretsa: zigoli zisanu ndi zinai za Majantja zija sizinalowe m'ciwerengero ca 107, cifukwa zinacinyidwa nyengo ya mpira wa m'dziko isanatsegulidwe. Tikawerenga kuyambira Januwale kufika Disembala, monga amawerengera za Messi, zikwana 116.

Mungaganize kuti munthu wotere malo ace m'timu ya dziko anali osakanganirana. Sizinatero. Mphunzitsi wa Zambia kuyambira 1971 anali Ante Buselic wa ku Yugoslavia, munthu wodziwa nchito yace, amene anafuna mpira wopatsirana, ndipo kawirikawiri anali kusankha Bernard Chanda ndi Simon Kaushi kutsogolo, Chitalu nakhala pa benci. Pa cikho ca maiko a Africa ca 1974 ku Egypt, pamene Zambia inapita koyamba, Chitalu anacinya pa masewera ndi eni dziko, amene tinagonja 3 kwa 1. Koma ngwazi ya ulendo umenewo anali Chanda, amene anacinya zitatu pogonjetsa Congo 4 kwa 2. M'ndime yotsiriza ku Cairo tinafanana ndi Zaire 2 kwa 2 pa 12 Malici, ndipo pobwereza masewerawo patapita masiku awiri tinagonja 2 kwa 0. Zigoli zonse zinai za Zaire anacinya Mulamba Ndaye. Pambuyo pace Chitalu anasiyidwa kunja kwa timu ya dziko pafupifupi zaka ziwiri. Kodi Buselic analakwa? Pa sitolo paja akulu anali kukangana za ici mpaka mdima. Ine ndiganiza kuti mphunzitsi amene anatifikitsa ku ndime yotsiriza sitingamutche wopusa. Komabe zaka zimene Chitalu anakhala panja zinali zaka za mphamvu zace, ndipo zimenezo sizibwerera.

Ambiri akanakwiya nasiya. Iye anapitiriza kucinyira Warriors, ndipo m'caka ca 1977, Buselic atapita, anaitanidwanso. Apa mpamene ine ndimlemekeza koposa, kupambana ndi pa 107 pomwe. Anabwera ali ndi zaka pafupifupi 30, msinkhu umene ocinya ambiri ayamba kuyang'ana kumene adzapacika nsapato, ndipo anabwera munthu wina: wofatsa, wolangiza ana, wosakangana ndi refali monga kale.

Caka ca 1978 a ku Lundazi sitidzaciiwala. Masewera a maiko a kum'mawa ndi pakati pa Africa anacitikira ku Malawi m'mwezi wa Novembala. Tsono inu mudziwa m'mene kwathu kuliri: malire ndi Mzimba ndi Kasungu ali pakhomo, Lilongwe ali pafupi ndi ife koposa Lusaka, ndipo palibe mudzi wopanda mkamwini kapena mtengwa wa kutsidya. Tilankhula Citumbuka cimodzi ndi Cicewa cimodzi, timva wailesi ya Lusaka ndi ya Blantyre yomwe. Ku Lilongwe Zambia inagonjetsa Kenya 9 kwa 0, ndipo m'masewera onsewo Chitalu anacinya zigoli 11, woposa onse. Koma m'ndime yotsiriza tinakumana ndi eni dziko, timu ya Kinnah Phiri ndi anzace, yophunzitsidwa ndi Ted Powell. Tsiku limenelo m'mudzi mwathu munalira mawailesi awiri, ina pa sitolo, ina pa khonde la alamu athu a ku Kasungu, ndipo mpfuu inali kubuka mbali iyi, kenaka mbali iyo. Malawi inapambana 3 kwa 2. Alamu aja anabvina mpaka pfumbi koboo, ndipo mlongo wanga, mkazi wao, anawapatsa nsima usiku umenewo osalankhula nao. Chitalu anasankhidwa wosewera wopambana onse m'Zambia caka cimeneco, ndi caka cotsatira ca 1979, pamodzi kasanu.

Mu 1980 anapita ndi timu ku masewera a Olympic ku Moscow. Kumeneko tinagonja masewera onse atatu, koma pamene tinakumana ndi Soviet Union pa bwalo lao, cigoli cathu cimodzi pa 3 kwa 1 anacinya Chitalu, ali ndi zaka 32. Caka comweco analeka kusewerera dziko, atacinyira Zambia zigoli 79, ndipo kufikira lero palibe wamfika, ngakhale Alex Chola, ngakhale Kalusha Bwalya. Mu 1982 anapacika nsapato.

Za imfa yace ndidzanena mwacidule, pakuti bala limenelo silinapole. Anali mphunzitsi wa timu ya dziko, Alex Chola womthandiza, pamene ndege ya asilikali imene inawatenga kupita ku Senegal inagwa m'nyanja pafupi ndi Libreville, ku Gabon, usiku wa pa 27 Epulo, 1993. Anthu onse 30 anafa, 18 mwa iwo osewera. Chitalu anali ndi zaka 45. Anaikidwa pamodzi ndi anyamata ace pambali pa Independence Stadium mu Lusaka.

Tsono tibwerere ku funso la mdzukulu, pakuti ndi funso labwino, ndipo tisamkalipire cifukwa ca ilo. M'caka comweco ca 1972, ku Germany, Gerd Müller anacinya zigoli 85, ndipo kwa zaka 40 manyuzipepala a ku Ulaya anali kunena kuti iye ndiye woposa onse. Za mnyamata wa ku Kabwe sanazimve, ndipo ifenso sitinawauze. Mu Disembala 2012 Messi, akusewerera Barcelona ya ku Spain ndi dziko la kwao la Argentina, anapitirira Müller, natsiriza caka ndi 91. Pamenepo mpamene bungwe la mpira la m'Zambia linadzuka, nati, Dikirani, ife tiri ndi wathu. A ku Brazil naonso anaturutsa wao, Zico wa Flamengo, amene anati anacinya 89 mu 1979. Bungwe la FIFA linayankha kuti silisunga kaundula wa zigoli za m'maligi a maiko, cotero silingathe kuikira umboni ciwerengero ca Chitalu, ngakhale ca Messi comwe. Mlandu unathera pomwepo, wopanda woweruza.

Pano ndiyenera kunena zoona zonse, ngakhale zosakoma kwa ife. Mwa zigoli 107 zija, pafupifupi theka zinali za mu ligi, zambiri zotsalazo za m'zikho, koma zina zowerengeka zinali za m'masewera a cibwenzi ndi a matimu osankhidwa, amene owerenga a ku Ulaya sawaika m'buku. Ndiponso palibe munthu wanzeru anganene kuti oteteza a Majantja anali olingana ndi a Real Madrid. Koma mbali inayo nayo iri ndi mau. Messi anasewera pa kapinga wosalala ngati mphasa, ndi madotolo omuyang'anira, ndi marefali omteteza. Chitalu anasewera pa mabwalo ouma a mwezi wa Okutobala, ndi mpira wacikopa umene mvula ikagwa unali kulemera ngati dzungu, atacokera ku nchito. Kuyesa awiriwa pa sikelo imodzi ndi nchito yosatha, ndipo ine sindiifuna. Cimene ndikana ndi kunena kuti zigolizo ndi nthano. Zinalembedwa m'manyuzipepala a nthawiyo, masewera ndi masewera, ndipo Bambo Jerry Muchimba anakhala pansi nafufuza mapepala akalewo limodzi limodzi, nalemba buku la moyo wa Chitalu, limene linaturuka mu 2015.

Popeza mdzukuluyo akonda mpira wa ku Spain, ndimuuze za munthu mmodzi wa kumeneko. Mphotho ya wocinya zigoli zambiri mu ligi ya ku Spain, imene Messi anaitenga kasanu ndi katatu ndipo Samuel Eto'o wa ku Cameroon anaitenga mu 2006, itchedwa Pichichi. Kodi mnyamatayo adziwa kuti Pichichi anali munthu? Dzina lace leni-leni linali Rafael Moreno, wobadwa mu 1892 ku Bilbao, mzinda wa migodi ya citsulo ndi zombo, kumene mpira unafika ndi Angerezi odzagwira nchito, monga unafikira ku migodi yathu. Anali kamunthu koonda, kosewera katamanga kansaru koyera kumutu. Anasewerera Athletic ya Bilbao kuyambira 1911 kufika 1921. Pamene bwalo lao la San Mamés linatsegulidwa pa 21 Ogasiti, 1913, cigoli coyamba cinali cace. Anatenga cikho ca Mfumu kanai, mu 1914, 1915, 1916 ndi 1921, ndipo m'ndime yotsiriza ya 1915 anacinya zitatu. Anali m'timu yoyamba ya dziko la Spain, imene inatenga malo aciwiri pa masewera a Olympic ku Antwerp mu 1920. Cakumapeto anthu a kwao omwe anayamba kumkuwiza kuti watha, ndipo iye anasiya, nakhala refali. Pa 1 Malici, 1922, anafa ndi nthenda ya typhus, ali ndi zaka 29.

Tsono tamverani. Pichichi sanasewerepo mu ligi ya ku Spain ngakhale kamodzi, cifukwa ligiyo inayamba mu 1929, iye ali m'manda. Palibe kanema woonetsa zigoli zace monga tionera za Messi, ndipo olemba mbiri sagwirizana pa ciwerengero cace. Komabe anthu a ku Bilbao, omwe aja anamkuwiza, anamuumbira fano la mutu wace naliika pa bwalo mu 1926, patangopita zaka zinai. Ndipo timu iri yonse yofika pa bwalolo nthawi yoyamba, kapitawo wace amaika maluwa pa fanolo masewera asanayambe. Mu 1953 nyuzipepala ya Marca inatcha mphotho ija dzina lace. Iwo sanapite kwa FIFA kukapempha cidindo. Ife bwalo la njanji la ku Kabwe, pamene Chitalu anacinyira zigoli zosawerengeka, tinalitcha dzina lace pambuyo pa mkangano wa 2012, patapita zaka 40 kucokera pa 107, ndi zaka 19 kucokera pa imfa yace. Kunena mosabisa, anatikumbutsa ndi mwana wa ku Argentina. Ici cimandicititsa manyazi koposa yankho la FIFA.

Ndipo ndiri ndi pempho kwa inu alembi a matimu, a ku migodi ndi a kumudzi omwe, a pa bwalo la Boma ku Lundazi, a kwa Mwase, a kwa Mphamba, a kwa Kapichila. Gulani buku la cikuto colimba. Masewera akatha, lembani tsiku, adani, zigoli, ndi maina a ocinya, refali asainepo. Bukulo lisakhale m'thumba la munthu mmodzi, amene akakangana ndi komiti acoka nalo. Likhale la timu. Ine ndikumbuka mnyamata wina wa ku sukulu yathu amene tonse tinali kulumbira kuti akanafika ku migodi akanamposa Chanda. Lero ndikafunsa anzanga kuti anacinya zingati, wina ati makumi atatu, wina ati zana, ndipo awiri sagwirizana ngakhale pa mwendo umene anali kumenyera.

Kwa inu acikulire amene munalemba kalata, yankho ndi ili. Muuzeni mdzukulu wanu kuti Messi anacinyadi 91, ndipo asaleke kumkonda. Muuzeninso kuti Chitalu anacinya 107 m'nyengo ya mpira ya 1972, ndi 116 tikawerenga caka conse. Akafunsanso kuti zinalembedwa kuti, mumuuze kuti tsiku limene adzapita ku Lusaka akafunse njira ya ku National Archives, ku Ridgeway, akapemphe Times of Zambia ndi Zambia Daily Mail za caka ca 1972. Ayambire pa masewera a pa 6 Febuluwale, atenge pensulo, aziwerenga yekha.